Pa njira ya golide: kuchokera ku Tete mpaka ku Khami

Lolemba, Tete

Za kutentha kwa ku Tete sindikuuzani zambiri, aliyense amene anakwerapo basi ya ku Harare kapena ya ku Joni akukudziwa. Umachoka ku Blantyre utavala juzi, pa Mwanza ndi pa Zobue kamphepo kakadalipo, koma ukangodutsa Moatize, pamene malole a malasha ali ndondondo, thukuta limayamba kuyenderera kumsana. Ambiri mzinda uwu amangouonera pawindo. Ine ndatsika dala ndipo ndigona konkuno, chifukwa mafumu akale a ku Zimbabwe amene ndikuwatsata ulendo uno ankadyera pa mtsinje wa Zambezi.

Madzulo ndinakhala m'mbali mwa Zambezi, chakufupi ndi mlatho wa Samora Machel. Mayi wina wogulitsa nsomba zowotcha anandilankhula m'Chinyungwe, ine n'kumayankha m'Chichewa, mpaka tinamvana mtengo popanda wotanthauzira. Atandifunsa kumene ndikupita, ndinati ku Zimbabwe, kukaona miyala. Anandiyang'ana n'kunena kuti, "Achimwene, miyala kwanu kulibe?" Ndinawafotokozera pang'ono, anagwedeza mutu, n'kundiwonjezera kansomba kamodzi ka basera.

Apwitikizi anakhazikika ku Sena ndi kuno ku Tete m'zaka za m'ma 1530, ndipo anapeza amalonda achiswahili ali kale pamalopo. Onsewa ankafuna golide wochokera kumtunda kwa kumwera, m'dziko la Mwene Mutapa. Kumpoto kwa mtsinje kunali ife, Amaravi, ndi minyanga ya njovu, makasu achitsulo ndi nsalu za thonje zoluka pamanja, machila aja. Kusukulu tinaphunzira za Kalonga patsamba lake, za Mwene Mutapa patsamba lina, ngati anthu oti sankadziwana. Chonsecho mu 1608 Muzura, mfumu ya Amaravi imene ambiri amaiwerenga pa mndandanda wa a Kalonga, inatumiza ankhondo 4,000 kutsidya kuno kukathandiza Apwitikizi kuteteza Mutapa Gatsi Rusere kwa omuukira. Mu 1616 Mpwitikizi wina, Gaspar Bocarro, pa ulendo wake wapansi wochoka pa Tete pano kupita ku Kilwa, kugombe la Tanzania wa lero, anafika pa mudzi wa Muzura n'kulandiridwa. Gatsi Rusere atamwalira, Muzura yemweyo anaolotsanso ankhondo ake, ulendo uno kukadzitengera yekha. Mafumu amenewa ankadziwana bwino lomwe, ankatumizirana mithenga ndi mphatso, ankasuzumirana m'nkhokwe. Zambezi kwa iwo inali msewu.

Lachiwiri, Harare

Taoloka pa Cuchamano ndi Nyamapanda dzuwa lili pamutu. Milambe inatiperekeza mtunda wautali, kenaka msewu unayamba kukwera ndipo cha ku Mutoko miyala inayamba kuonekera: zimiyala zozungulira zosanjikizana pamwamba pa zinzake, matanthwe osalala otambalala kuposa bwalo la mpira. Ukaona dziko limeneli sudabwanso kuti eni ake anasankha kumanga ndi mwala.

Kudzanja lamanja la msewu umenewu, chakumadzulo, ndiko kunali mtima wa ufumu wa Mutapa. Mbiri ya pakamwa ya Ashona imati Nyatsimba Mutota anachoka ku Great Zimbabwe, mzinda wakale wa makoma a miyala kumwera, m'zaka za m'ma 1400 kukafuna mchere, n'kukaupeza ku Dande, kuchigwa cha Zambezi, ndipo sanabwererenso. Mwana wake Matope ndiye anakuza ufumuwo kutsika ndi mtsinje kulowera kunyanja yamchere. Mfumu ikamwalira ankati mzimu wake walowa mu mkango, mhondoro, ndipo unkalankhula kudzera mwa munthu wogwidwa mzimuwo. Ife Achewa nkhani yoti mfumu imasanduka mkango si yachilendo.

Mayina a mafumu otsatira timawadziwa kwambiri chifukwa Apwitikizi ankalemba, ndipo zimene analembazo zimawawa kuwerenga. Mu 1561 wansembe wa Chijezuwiti, Gonçalo da Silveira, anabatiza Mutapa Negomo Mupunzagutu ndi mayi ake; pasanapite nthawi anaphedwa pa lamulo la mfumu yomweyo, mtembo n'kuponyedwa mu mtsinje wa Musengezi. Boma la ku Portugal linapezerapo chifukwa. Francisco Barreto ananyamuka mu 1569 ndi gulu lankhondo loti likalande migodi, koma malungo ndi matenda a akavalo zinawathera ku Sena, iye mwini n'kufera komweko mu 1573. Mfuti zinalephera. Chimene chinawatsegulira khomo ndi mikangano ya m'nyumba ya ufumu momwemo. Kwathu ufumu umatsata mbumba, wolowa amakhala mwana wa mlongo. Kuno unkatsata kuchimuna, n'kumayenda pakati pa abale ndi nyumba zawo, choncho maliro a mfumu iliyonse ankasiya amuna angapo aliyense akudziona woyenera. Wofooka ankathamangira kwa wamfuti. Gatsi Rusere, atapanikizidwa, anasainira migodi ya dziko lake kwa Apwitikizi mu 1607. Mu 1629 iwo anathandiza Mavura kugonjetsa Kapararidze, anamubatiza dzina loti Filipe, ndipo iye anavomera kukhala pansi pa mfumu ya ku Portugal. Kale kapitawo wa Chipwitikizi ndiye ankapereka mtulo wa nsalu kwa Mutapa kuti aloledwe kuchita malonda; kuyambira apo zinthu zinatembenuka. Akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere.

Tafika mu Harare kutada. Chithunzi cha mbalame ya mwala ya ku Great Zimbabwe ndachiona kale pa mbendera pachipata cha m'malire, pa zipewa za apolisi, pa zikwangwani za boma.

Lachitatu, Masvingo

Lero ndi msewu basi, makilomita pafupifupi 290 kulowera kumwera, kudzera ku Chivhu ndi Mvuma. Udzu, mitengo ya misasa, ndi ng'ombe. Ng'ombezo ndaziyang'ana kwambiri. Ndagona m'tauni, mawa ndilawirira.

Lachinayi, Great Zimbabwe

Kuchoka ku Masvingo ndi makilomita osakwana 30. Ndinafika mame asanaume, ndinalipira pachipata, ndipo anandipatsa wondiperekeza, bambo wachikulire wa imvi amene anyamata onse pamalopo ankamutchula kuti sekuru. Nanenso ndinatero.

Tinayamba ndi phiri. Pali njira yatsopano yofatsa, koma sekuru anati tikwere yakale. Njirayo imapapatiza pakati pa zimiyala ziwiri mpaka mapewa onse kukhudza, masitepe ake ndi otalika, ndipo sizingatheke anthu awiri kuyenda mogundizana. Aliyense wopita kwa mfumu ankafika yekhayekha, wefuwefu, mutu uli pansi kuyang'ana popondapo. Ndikukhulupirira kuti anachita dala. Pamwamba, omanga sanachotse zimiyala zachilengedwe. Khoma limabwera n'kukumbatira thanthwe, n'kupitirira mbali inayo, moti nthawi zina suzindikira pamene ntchito ya Chauta yathera ndi pamene ya munthu yayambira. Apa ndi pamene mzinda unayambira, ndipo apa ndi pamene mafumu oyamba ankakhala. Pali kaphanga koyang'ana kuchigwa. Sekuru anawerama n'kufuula m'menemo, mawu n'kubwerera kuchokera kutsidya, omveka bwino.

Titakhala pamwambapo chigwa chonse chinali tayale: makoma ang'onoang'ono ambirimbiri pakati pa mitengo, madzi a Lake Mutirikwi chapatali, ndi Mpanda Waukulu uli bulungire pakati. Mzindawu unamangidwa pang'onopang'ono kuyambira m'zaka za m'ma 1100 mpaka za m'ma 1400. Akatswiri ena amawerengera kuti pachimake pake munkakhala anthu ofika 18,000, ena amati ochepera apo. Ambiri mwa anthuwo ankagona m'nyumba zadothi zofolera ndi udzu, zothithikana kunja kwa makoma. Ngakhale mfumu inkagona m'nyumba yadothi, kungoti yake inali ya dothi lokhuthala lopukutidwa mpaka kuwala. Mwala sunali wa nyumba. Unali wotchingira maso ndi wolengeza ulemerero.

Mpanda Waukulu ndinauzungulira kunja kaye. Khoma lake ndi lotalika mamita 250 kuzungulira, kwina limakwera mpaka mamita 11, ndipo pansi pake pena ndi ponenepa mamita 5. Mulibe simenti, mulibe matope. Ndinaika dzanja pakhomapo n'kuyang'anitsitsa: timiyala tosemedwa tofanana msinkhu, tosanjidwa m'mizere yowongoka, mzere uliwonse wolowa m'kati pang'ono kuposa wapansi pake, kotero kuti khoma limatsamira kulemera kwake lomwe. M'munsi muli timabowo tongokwana mkono, ngalande zotulutsa madzi a mvula. Cha pamwamba, mbali imodzi yokha, pali mizere iwiri ya miyala yopendekeka mokhotakhota ngati chokongoletsa. Sekuru anandionetsa khoma lina lakale m'katimo, la miyala yosalingana ndi mizere yoyendayenda, kenaka n'kuloza lalikululo. Luso likuoneka kukula pamaso pako, kuchokera kwa agogo kufika kwa adzukulu. Miyalayo ankaitenga pa matanthwe omwewa, amene amasendeka okha ndi dzuwa ndi chisanu, ndipo pofulumizitsa ankasonkhapo moto n'kuthirapo madzi.

M'kati muli kanjira kopapatiza pakati pa makoma awiri aatali, kozizira ngakhale masana, kamene kamakufikitsa pa nsanja ija imaoneka pa zithunzi zonse. Ndi yotalika pafupifupi mamita 10, yonenepa pansi, yowonda pamwamba, ndipo ilibe khomo kapena chipinda. Ndi mwala wokhawokha mpaka pakati. Munthu wokulira kumudzi akaiona amaona nkhokwe, ndipo ofufuza ambiri amaganiza chomwecho: mfumu ikuuza anthu ake kuti chaka cha njala chakudya chili kwa ine.

Mafumu amene analamula ntchito yonseyi sanasiye mayina olembedwa. Mphamvu zawo timaziwerenga m'dzala. Pafupi ndi phiri anafukula mafupa a ng'ombe miyandamiyanda, ambiri a ng'ombe zazing'ono zonona. A pamwamba ankadya nyama yabwino pamene a m'munsi ankadalira mapira ndi mawere. Ng'ombe ndi zimene zinkamanga anthu kwa mfumu: kubwereketsa, kulowola, kudyetsa amisiri. Golide anabwera kudzawonjezera. Sankakumbidwa pano, ankachokera ku migodi ya kumadzulo ndi kumpoto, koma podutsa kupita ku doko la Sofala ankasiya gawo lake pano.

Lachisanu, Great Zimbabwe

Ndabwereranso, lero kunyumba yosungiramo zakale imene ili pamalo pomwepo. Ndi yaing'ono, koma ndakhalamo m'mawa wonse.

M'magalasi muli mikanda ya galasi yochokera kutsidya la nyanja ya India, mapale a mbale za ku China ndi za ku Persia, makasu, mabelu achitsulo, waya wa mkuwa ndi wa golide. Pamalo ano anapezaponso ndalama yachitsulo ya ku Kilwa, ya Sultan al-Hasan bin Sulaiman wa m'zaka za m'ma 1300. Kilwa ndiyo inkagwira doko la Sofala, ndipo chuma chimene Ibn Battuta, woyendayenda wa ku Morocco, anachiona kumeneko mu 1331 mbali yaikulu chinali golide wa kumtunda kuno. Mkuwa woumbidwa ngati mtanda, wa mtundu umene unapezeka ku Ingombe Ilede m'chigwa cha Zambezi ku Zambia, ukusonyeza kuti njira zina zinkaloza kumpoto, kufupi ndi kwathu.

Kenaka mbalame. Zodziwika ndi 8, zosemedwa pa mwala wofewa, iliyonse itakhala pamwamba pa chipilala. Ukayandikira umaona kuti si mbalame wamba: miyendo ndi yonenepa, zala ndi zonga za munthu, ina ili ndi milomo ya munthu m'malo mwa mlomo wa mbalame. Ena amati ndi chapungu, ena amati ndi hungwe, nkhwazi yathu ija. Anthu ambiri amaziona ngati zizindikiro za mafumu amene anatsogola. Mu 1889 mlenje wina, Willi Posselt, anadula imodzi pa chipilala chake eni malo akukana, n'kukaigulitsa kwa Cecil Rhodes, amene anakaiika m'nyumba yake ya Groote Schuur ku Cape Town. Theodore Bent anatenga zina mu 1891. Dziko la South Africa linabweza zingapo mu 1981, ndipo theka la ina limene linali ku Germany linabwera mu 2003 n'kulumikizidwa ndi linzake.

Kuba mbalame kunali kochepa poyerekeza ndi kuba mbiri. Karl Mauch atafika pano mu 1871 analengeza kuti wapeza nyumba ya Mfumukazi ya ku Sheba. Bent anati anamanga ndi Afoinike kapena Aluya. Richard Hall, amene anapatsidwa udindo wosamalira malowa mu 1902, anakumba n'kutaya dothi lakuya m'kati mwa mipanda, lodzaza ndi mapale ndi zotsalira za eni mzinda, pofunafuna za azungu akale zimene kunalibe. Zimene anatayazo sizidzabwereranso. David Randall-MacIver anafukula mwadongosolo mu 1905 n'kunena poyera kuti omanga anali Aafirika. Gertrude Caton-Thompson anatsimikizanso mu 1929. Komabe boma la Rhodesia linapitiriza kukakamiza kuti mabuku a alendo asanene zoona, mpaka Peter Garlake, katswiri wa boma lomwelo amene anakana kunama, anachoka m'dzikomo mu 1970. Ndinaima pamenepo mtima ukuwawa. Ana a sukulu angati, kuphatikizapo a ku Nyasaland, amene anakula atauzidwa kuti makolo awo sakanatha kusanja mwala pamwamba pa unzake?

Panja ndinapeza gulu la ana a sukulu atavala yunifolomu yobiriwira, aphunzitsi awo akuwafunsa kuti anamanga ndani. Anayankha onse pamodzi, mokweza, m'Chishona. Sindinafunikire womasulira.

Madzulo ndinafunsa sekuru chimene chinathetsa mzindawu. Anayamba ndi kumene unachokera. Great Zimbabwe asanakule kunali Mapungubwe, pamene mtsinje wa Shashe umakumana ndi wa Limpopo, kumene m'zaka za m'ma 1200 mfumu inayamba kukhala payokha paphiri, ndipo m'manda a pamenepo munapezeka chipembere chokutidwa ndi golide. Mapungubwe itazilala cha m'ma 1300, mphamvu inasamukira kuno. Pofika chapakati pa zaka za m'ma 1400 inasamukanso. Anthu ndi ng'ombe anali atachuluka, nkhuni ndi msipu zikutalikira, ndipo amalonda anali atayamba kukonda njira ya Zambezi. Ena anatsata Mutota kumpoto. Ena analowera kumadzulo, kumene ndikupita mawa.

Loweruka, Bulawayo

Tadzera ku Zvishavane ndi Mbalabala. Pa Zvishavane, pamene milu ya dothi la mgodi wa asbestos yaima ngati mapiri, anakwera agogo ena amene atandimva ndikulankhula pafoni anatembenuka n'kuti, "Mwana wanga, kwanu n'kuti?" Bambo awo anachoka ku Dedza kudzagwira ntchito mumgodi, iwo anabadwira konkuno, ndipo akuti gule amatulukabe kukomboni pa maliro a munthu wa kwathu. Tinacheza mpaka mu Bulawayo. Anandipatsa moni woti ndikapereke ku Dedza, dziko limene sanalipondepo.

Lamulungu, Khami

Khami ali makilomita 22 kumadzulo kwa Bulawayo. Bungwe la UNESCO linaika malowa pa mndandanda wa chuma cha dziko lonse mu 1986, chaka chimodzi ndi Great Zimbabwe, koma alendo kuno ndi ochepa. Ndinayenda nthawi yaitali ndikungomva mbalame ndi abuluzi akuthawa m'masamba ouma.

Apa panali likulu la mafumu a Torwa, a dziko la Butua, kuyambira cha m'ma 1450. Amisiri ake anatenga luso la ku Great Zimbabwe n'kulitembenuza. Kuja khoma limaima palokha n'kubisa nyumba. Kuno khoma limagwira dothi, phiri n'kusanduka masitepe akuluakulu, nyumba ya mfumu n'kukhala pamwamba poonekera kwa aliyense. Ndipo anakongoletsa mosaumira. Pa khoma limodzi ndinawerenga mizere ya timabowo tosiyidwa dala mosinthanasinthana, mwala, bowo, mwala, bowo, pamwamba pake mzere wa miyala yakuda, kenaka ina yopendekeka. Dzuwa likapendeka timabowoto timadzaza mthunzi ndipo khoma lonse limaoneka ngati lolukidwa. Kukwera kwa mfumu unkadzera m'kanjira kopapatiza kamene kale kanali kofoleredwa. Mabowo a nsanamira zake akuonekabe m'mbali mwa khoma.

Pa thanthwe lina pali mtanda wa miyala yoyalidwa pansi, umene amati unasiyidwa ndi wansembe wa Chipwitikizi. Anthu amaponyapo tindalama tachitsulo. Apwitikizi anafikadi mpaka kuno, ndipo analowera khomo lomwe lija: cha m'ma 1644 abale awiri a nyumba ya Torwa analimbirana mpando, mmodzi anakaitana Sisnando Dias Bayão ndi ankhondo ake kuchokera ku Zambezi, ndipo Khami anapsa. Likulu linasamukira ku Danangombe.

Amene anadzaimitsa zonsezi ndi Changamire Dombo. Mbiri imati anayamba ngati woweta ng'ombe za Mutapa, n'kusonkhanitsa gulu lake, Arozvi. M'zaka za m'ma 1680 analanda Butua, ndipo mu 1693 anakantha msika wa Apwitikizi wa Dambarare. Kuchokera apo Apwitikizi anatsika kumtunda kuno n'kutsalira m'chigwa cha Zambezi ndi ku Manyika, ndipo kwa zaka zoposa 100 golide wa kuno ankagulidwa pa malamulo a Mambo, mfumu ya Arozvi, kudzera mwa amalonda achikuda otumidwa kuchokera ku Zumbo. Munthu ameneyu ayenera kumatchulidwa m'makalasi athu mofanana ndi Shaka.

Mapeto a Arozvi akutikhudza ife mwachindunji. M'zaka za m'ma 1830 magulu othawa nkhondo za kumwera anadutsa m'dziko lino motsatizana, ndipo limodzi linali la Zwangendaba. Anaphwanya midzi ya Arozvi, anatenga anthu ndi ng'ombe, n'kupitirira kumpoto kukaoloka Zambezi cha ku Zumbo mu Novembala 1835, tsiku la kadamsana. Gulu lotsalira m'mbuyo, lotsogozedwa ndi mayi wotchedwa Nyamazana, ndi limene mbiri imati linapha Mambo Chirisamhuru ku Manyanga. Mzilikazi pofika ndi Amandebele anapeza ufumu utagwa kale. Pakati pa anthu amene Zwangendaba anaoloka nawo panali Akalanga ndi Arozvi ogwidwa m'dera lino, ndipo zidzukulu zawo lero ndi Angoni a ku Mzimba, a ku Mchinji ndi a ku Chipata.

Mlonda wa pachipata wandiuza kuti makoma okongola kuposa onse ali ku Naletale, kufupi ndi Danangombe, ndipo kulibe basi yofika. Ndiyenera kutsikira pa Shangani kapena pa Gweru n'kufunafuna galimoto. Wati ndinyamule madzi ndi chakudya, kumeneko kulibe golosale. Ndakagula buledi ndi mtedza, mawa ndikwera yoyamba.